Ofesi ya maloya imene inatipemphera nthawi ya apilo yochedwa

Mchimwene wanga anathyoka mwendo pamene minibasi imene anakwera inagubuduzika pa msewu wa M1, ndipo chipukuta misozi chimene khoti linagamula sichinaganizire zoti iye sadzapalasanso njinga ya kabaza imene inkadyetsa banja lake. Loya wathu woyamba anatidziwitsa za chigamulocho patapita miyezi inayi, chonsecho lamulo la Khoti Lalikulu la Apilo limapereka masabata 6 okha oti munthu apereke chidziwitso cha apilo pa chigamulo chomaliza, ndi masiku 14 pa chigamulo cha mkati mwa mlandu. Umu ndi momwe tinapezekera pa ofesi ina ya maloya ku Limbe, imene ntchito yake ndikuiunika pano.

Mayi amene anatilandira sanatilonjeze kanthu, ndipo ichi ndicho chinandikhazika mtima pansi. Anati: "Bambo, khoti lili ndi mphamvu yowonjezera nthawi, koma limatero likakhutira, osati chifukwa choti mchimwene wanu akumvetsa chisoni." Anatifotokozera kuti pempho lotere limaima pa zinthu ziwiri, zomwe ndi chikalata cholumbira chopereka zifukwa zenizeni ndi zomveka za kuchedwako, komanso mfundo za apilo zoonetsa kuti mlanduwo ndi woyenera kumvedwa.

Ine ndinkafuna kuti tingolemba kuti wovulalayo anali chigonere, koma iwo anakanitsitsa, popeza buku lake la kuchipatala linkaonetsa kuti anali atatuluka kalekale, ndipo maloya a kampani ya inshulansi akanatigwira bodza mosavuta. M'malo mwake anatiuza tibweretse mauthenga onse a pa WhatsApp amene tinkafunsira loya woyamba za mlandu, ndipo anawasanja mwa tsiku ndi tsiku mpaka zinaonekeratu kuti ifeyo sitinagone. Malo ovuta anali masabata atatu amene tinatha titamva kale za chigamulo, tikufunafuna ndalama. Amenewa sanawabise, anawafotokoza momwe analili, ngakhale anatichenjeza kuti kusowa ndalama pakokha si chifukwa cholimba. A inshulansi anatsutsa pempholo, koma woweruza anatilola, kupatula kuti ndalama zoyendetsera pempholo zinagwera ife.

Pali zimene sizinandisangalatse. Malipiro sanatilembere pachiyambi, moti ndalama zolembetsera zikalata kukhoti tinkazimva pa tsiku lomwe zikufunika, zomwe n'zopweteka kwa munthu wochokera kutali amene wawerengera ya thiransipoti yokha. Foni ya pa ofesi imaitana osayankhidwa masiku angapo. Chimene chinandikhudza kwambiri ndi chakuti kalaliki anafuna kuti mchimwene wanga, amene sukulu analekera Sitandade 8, asayine chikalata cholumbira cha m'Chingerezi asanamuwerengere, ndipo zinatengera ine kuumirira kuti amumasulire ndime iliyonse. Munthu akulumbira pa mawu amene sakuwamva, ofesi yodziwa malamulo chotere siyenera kudikira kukumbutsidwa.

Amene nthawi ya apilo yamudutsa ndingamulozere ku ofesi imeneyi, bola apemphe malipiro olembedwa tsiku loyamba ndipo apite ndi pepala lililonse lokhala ndi deti. Amene alibiretu ndalama ayambe wafunsa ku Legal Aid Bureau, bungwe la boma lothandiza pa milandu anthu osakwanitsa kulipira loya. Apilo yathu yeniyeniyo ikudikirabe tsiku lomvedwa.