Wojambula wa pa Nchalo amene anayamba ndi kusuntha matebulo

Ukwati wa mchemwali wanga unali mu Okutobala ku Ngabu, ndipo amene mumakhala m'chigwa muno mukudziwa kuti mwezi umenewo dzuwa limaswa mtengo. Wojambula kanema tinamupeza pa Nchalo, ali ndi kasitudiyo kuseri kwa msika.

Anafika 6 koloko m'mawa, kamera osaitulutsa m'chikwama. Anazungulira tenti kawiri, kenako akuti: "Achimwene, tebulo la akwati lichoke apa." Amayi okongoletsa malo anali atamanga kale nsalu zoyera mbee kumbuyo kwake. Iye akuti ndi dzuwa lakuno, nsalu yoyera imalanda kuwala konse, mkwatibwi adzangooneka chithunzithunzi chakuda bii. Anabwereka zitenje ziwiri zabuluu kwa mayi athu n'kuzipachika m'malomwake, tebulo n'kulikokera pamthunzi wa nimu, mabotolo a madzi n'kuwabisa pansi. Amayi aja anatupa nkhope, wopepesa ndinali ine.

Tikudya nsima ndinamufunsa kumene anazitenga zimenezi. Anandionetsa pafoni ntchito ya Oleg Mutu, wojambula mafilimu a ku Romania wobadwira ku Chișinău, likulu la dziko la Moldova. Ndi amene anagwira kamera pa filimu ya Cristian Mungiu yomwe inapata mphoto yaikulu ya Palme d'Or pa chionetsero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France, mu 2007. Nkhani yake ndi ya mu 1987, nthawi imene Ceaușescu ankalamulira dziko la Romania, ndipo pena kamera imangoti duu kuyang'ana anthu akudya patebulo, mphindi zingapo osadula. Wojambula wathuyu akuti ukamajambula chonchi palibe pobisala. Mbale, khoma, nyale, chilichonse chikhale pamalo pake kamera isanayake.

Perekaniperekani anamujambuladi chomwecho. Agogo athu akunyamuka pamkeka, kumanga chitenje, kuvina mpaka pa lichero, kumasula mfundo ya kansalu kawo n'kuponya K500, zonse ulendo umodzi. Nkhope ikuoneka bwino mpaka thukuta la pamphumi. Malo amenewo ndawabwereza kasanu, mayi athu amalira nthawi zonse.

Koma mawu ndiye ayi. Jenereta inali pafupi ndi tenti, ndipo malangizo a ankhoswe angomira mu phokoso. Munthu woona botolo lapulasitiki ali kutali analephera kumva chijenereta chikubangula pambali pake! Maikolofoni yapachifuwa analibe. Fulashi ya kanemayo anati tilandira pakatha masabata awiri, inabwera pa sabata lachisanu ndi chiwiri, chifukwa chake akuti kuzimazima kwa magetsi. Ndinakwera minibasi kawiri kupita pa Nchalo n'kukapeza loko pachitseko.

Tinalipira K200,000, thiransipoti yake padera. Mng'ono wanga akadzakwatira ndidzamuitananso, koma ndidzayamba ndawakumanitsa ndi okongoletsa kutatsala sabata, ndipo jenereta idzakhala kuseri kwa khola la mbuzi.