Mafilimu awiri a Robert Stone: nyenyezi zinayi mwa zisanu

Ndinagula ma DVD awiri a mkulu ameneyu, wokonza mafilimu oonetsa zochitika zenizeni: Radio Bikini ya 1988 ndi Pandora's Promise ya 2013. Anafika osakandika, chithunzi ndi mawu zili bwino. Langizo langa: yambani ndi yakaleyo.

Radio Bikini inandisowetsa tulo. Ikukamba za 1946, pamene asilikali a America anasamutsa anthu 167 pachilumba chawo cha Bikini, m'nyanja ya Pacific, kuti ayeserepo mabomba a nyukiliya. Stone sachulutsa gaga m'diwa. Amangoonetsa zithunzi zomwe boma lenilenilo linajambula: mbuzi zikukwezedwa m'sitima zankhondo, anyamata akumwetulira, anthu akutsanzikana ndi kwawo. Kenako pamabwera anthu awiri, mfumu Kilon Bauno ndi John Smitherman, yemwe anali msilikali wapamadzi pa nthawiyo. Smitherman amalankhula modekha, mukungomuona nkhope. Chakumapeto kamera imabwerera m'mbuyo, ndiye mumaona kuti miyendo yonse anaidula, dzanja litatupa moopsa. Ine ndinaimitsa kaye filimuyo, misozi ili m'maso. Sindikudabwa kuti inalowa nawo pampikisano wa Oscar, wa mphoto zapamwamba za mafilimu.

Patapita zaka 25, Stone yemweyo akubwera ndi Pandora's Promise, filimu yoikira kumbuyo magetsi a nyukiliya. Akuti malasha ndi mafuta akutenthetsa dziko, ndipo osauka sangatukuke popanda magetsi okwanira. Amene tinaphikapo pambaula chifukwa magetsi azima, mfundo imeneyi timaimva. Akuonetsa anthu oteteza chilengedwe ngati Mark Lynas ndi Stewart Brand, omwe kale ankadana ndi nyukiliya koma anasintha maganizo, ndipo akuyenda ndi kachipangizo koyezera cheza cha nyukiliya ku Fukushima ndi ku Chernobyl, komwe kunachitika ngozi pamalo opangira magetsi a nyukiliya, ngakhale kugombe la ku Brazil. Kulimba mtima kovomera kuti wasintha maganizo ndikukulemekeza kwambiri.

Nyenyezi imodzi ndachotsera apa: otsutsa sanapatsidwe mpata wokwanira. Amangooneka akukuwa pazionetsero. Mtima uja womvetsera munthu wamba, umene unandigwira pa Smitherman, ndinausowa. Komanso ndinkayembekezera kumva za anthu okhala kumene miyala ya uranium, yomwe imagwiritsidwa ntchito popanga magetsi a nyukiliya, imakumbidwa, poti ifenso tili ndi Kayelekera ku Karonga.

Aphunzitsi a sekondale, mafilimuwa ndi abwino kuonetsa ana a Fomu 4, koma motsatizana. Ana aang'ono asaone mapeto a Radio Bikini.