Kuphweka kapena kusalira zambiri?

Mawu a Chingerezi akuti simplicity analowa m'chinenerocho m'zaka za m'ma 1300 kudzera ku Chifalansa, koma gwero lake ndi Chilatini, simplex, kutanthauza chinthu chopindidwa kamodzi. Mnzake ndi duplex, chopindidwa kawiri, kumene kunachokera duplicity, chinyengo. Choncho kwa Aroma munthu wa simplicitas, lomwe ndi liwu lawo la simplicity, anali wopanda kampeni kumphasa.

Womasulira simplicity m'Chichewa ali ndi njira ziwiri. Yoyamba ndi "kuphweka". Imagwira bwino pa ntchito ndi malangizo: samu yophweka, fomu ya ku banki yophweka, foni yomwe agogo angalandirire ndalama osaitana mdzukulu. Koma yesani kunena kuti "bambo aja ndi ophweka", anthu akuyang'anani modabwa, ena aganiza kuti mukuwanena kuti savuta kupusitsa. Chingerezi nachonso chinagwa m'mbuna yomweyi, n'chifukwa chake simpleton ndi chitsiru.

Yachiwiri ndi "kusalira zambiri". Iyi ndi ya kakhalidwe: munthu wokhutira ndi nsima ya ndiwo imodzi, malaya awiri ochapa bwino, ukwati wopanda mndandanda wa magalimoto obwereka. Ndi moyo umene Francis Woyera wa ku Assisi, ku Italy, anasankha atasiya chuma cha bambo ake, omwe ankagulitsa nsalu. Pa samu kapena fomu, mawuwa sakwanirapo n'komwe.

Tanthauzo lakale lija la mtima wosabisa kanthu, njira zonse ziwiri zimaliphonya. Pamenepo ine ndimalemba "kuona mtima".