Kobzar ya Shevchenko m'Chingelezi: ya ku Toronto kapena ya Fedynsky?

Kobzar ndi buku la ndakatulo za Taras Shevchenko, mlakatuli wa ku Ukraine. Osadziwa Chiyukireniya angawerenge ndakatulozi m'mabuku awiri awa. Lina analimasulira C. H. Andrusyshen ndi Watson Kirkconnell (University of Toronto Press, 1964), lina Peter Fedynsky (Glagoslav Publications, 2013).

Kamvekedwe: la ku Toronto mizere imathera m'mawu omveka mofanana, ndipo limakoma kwambiri polakatula mokweza. Fedynsky anazisiya dala zimenezo.

Tanthauzo: la ku Toronto nthawi zina limapinda mawu kuti mzere ukhale bwino. Fedynsky sachoka pa zomwe mlakatuli ananena.

Chingelezi chake: choyambacho n'chachikale, chachiwiricho n'chamasiku ano.

Wofufuza momwe Shevchenko, yemwe anabadwira muukapolo mu 1814, ankadzudzulira ufumu wa Russia, ayambe ndi Fedynsky, apo sindikayika. Wofuna kumva kukoma kwa kamvekedwe ka ndakatulo zake afunse la ku Toronto m'malaibulale a mayunivesite.