OraQuick, kachipangizo kodziyezera HIV kunyumba: mmene ndakaonera nditakagwiritsa ntchito

Kachipangizo ka OraQuick kanalowa m'nyumba mwathu kudzera mwa mayi a kunyumba, amene anakalandira ku sikelo pamene anali oyembekezera mwana wathu wachiwiri. Anamwino anawapatsa kuti adzandipatse ine, podziwa kuti abambo ambiri sitiperekeza akazi athu ku sikelo, ndipo ndi ochepa mwa ife amene timapita kukayezetsa magazi thupi lisanayambe kuvuta. Kanakhala m'kabati masiku atatu ndisanalimbe mtima kukatsegula. Kuchokera nthawi imeneyo ndadziyeza nako kanayi, ndipo ndaona kuti ndi kachipangizo kodalirika kwa munthu amene akufuna kudziwa mmene m'thupi mwake mulili popanda kukhala pabenchi ya kuchipatala pamene oyandikana naye nyumba akumuona, malinga ngati munthuyo akumvetsa pamene ntchito yake imathera.

Kamapangidwa ndi kampani ya OraSure Technologies ya ku Pennsylvania, m'dziko la America. Boma la dzikolo linavomereza kuti anthu azidziyeza nako kunyumba mu 2012, ndipo mu 2017 kanakhala koyamba mwa zipangizo zodziyezera HIV kuvomerezedwa ndi bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO. M'paketi mumakhala zinthu zochepa: kachipangizo kenikeniko, kamene kumapeto kwake kuli kofewa ndi kophwatalala, kabotolo kokhala ndi madzi a mankhwala, koimikirapo kabotoloko kuti kasagwe, pepala la malangizo lokhala ndi zithunzi, ndi kathumba kotayiramo zonse mukamaliza. Mulibe singano kapena china chilichonse chobayira.

Kayezedwe kake ndi kosavuta, koma kamafuna kudekha. Munthu sayenera kudya kapena kumwa kanthu kwa mphindi 15 asanayambe, ndipo ngati watsuka mkamwa ndi mankhwala otsukira mano, adikire mphindi 30. Mumatsegula kabotolo ndi kukaimika pa koimikirapo kaja, kenako mumayendetsa mbali yofewa ya kachipangizoko pa nkhama za m'mwamba kamodzi ndi za m'munsi kamodzi, kuchokera mbali ina ya kamwa mpaka inzake, n'kukaviika m'madzi aja. Zotsatira zimawerengedwa pakatha mphindi 20, koma zisanapitirire mphindi 40. Mzere umodzi pa chilembo C ukutanthauza kuti zizindikiro za kachilombo sizinapezeke. Mizere iwiri, pa C ndi pa T, ikutanthauza kuti mwina kachilombo kalipo ndipo muyenera kukatsimikiza kuchipatala. Ngati pa C sipanatuluke mzere, kachipangizoko sikanagwire ntchito ndipo pafunika kena. Ulendo woyamba mphindi 20 zija zinanditalikira kwambiri, ndipo ndinathokoza kuti mayi a kunyumba anakhala nane pafupi mpaka nthawi itakwana.

Pali chinthu chimodzi chimene chimasokoneza anthu ambiri, ndipo inenso ndinafunsidwa ndi achibale atakaona. Kwa zaka zambiri takhala tikuphunzitsidwa kuti HIV sifalikira kudzera m'malovu, choncho munthu akamva kuti akuyezedwa mkamwa amayamba kukayikira uthenga wakalewo. Uthengawo ukadali woona. Kachipangizoka sikafufuza kachilombo kenikeniko. Kamafufuza asilikali amene thupi limapanga polimbana nako, ndipo asilikali amenewa amapezeka m'timadzi totuluka mu nkhama. N'chifukwa chake malangizo amanena kuti muyendetse pa nkhama, osati pa lilime kapena m'masaya. Ndingakonde wopereka kachipangizoka aliyense atamafotokoza mfundo imeneyi asanafunsidwe n'komwe.

Chimene chinandichititsa kukakhulupirira kwenikweni ndi chakuti umboni waukulu wosonyeza kuti anthu wamba angathe kudziyeza okha molondola unachokera kuno kwathu. Ofufuza a ku Malawi-Liverpool-Wellcome Trust ku Blantyre, pakati pawo Augustine Choko ndi Elizabeth Corbett, anafalitsa zotsatira zoyamba mu 2011, nthawi imene akatswiri ambiri ankaopa kuti munthu akadzipeza nako ali yekha akhoza kudzivulaza. Mu kafukufuku wina wamkulu amene anafalitsidwa mu 2015, wochitikira m'madera 14 a mumzinda wa Blantyre okhala ndi akuluakulu oposa 16,000, anthu pafupifupi 76 mwa 100 aliwonse anadziyeza m'chaka choyamba, atalandira tizipangizoti kwa anzawo a m'dera amene anaphunzitsidwa ntchitoyi. Ena mwa iwo atayezedwanso ndi anamwino, zinapezeka kuti mwa anthu 100 okhala ndi kachilombo, pafupifupi 94 anadzipeza nako okha, ndipo mwa opanda kachilombo, kulakwitsa kunali pafupifupi kwa munthu mmodzi pa 1,000. Mu 2015 momwemo inayamba pulojekiti ya STAR yogawa tizipangizo todziyezera, yothandizidwa ndi bungwe la Unitaid ndi kutsogoleredwa ndi bungwe la PSI, m'Malawi, Zambia ndi Zimbabwe, ndipo mu Disembala 2016 WHO inalimbikitsa mayiko onse kuti alole anthu kudziyeza okha. Ngakhale njira imene kachipangizoka kanandipezera ine, yopatsira mayi woyembekezera kuti akapatse mwamuna wake, inayesedwa kaye pa kafukufuku m'zipatala za ku Blantyre.

Nambala ya 94 ija iyenera kuwerengedwa bwino, chifukwa ikusonyezanso kuti pali ena amene kachipangizoka kangawaphonye. Malire ake aakulu ndi nthawi. Thupi limatenga milungu ingapo, mwina mpaka miyezi itatu, kuti lipange asilikali okwanira kuonekera, kotero munthu amene wagonana mosadziteteza sabata yatha n'kupeza mzere umodzi lero sanayankhidwe funso lake, ayenera kudziyezanso pakatha miyezi itatu. Ndipo amene akuganiza kuti wakumana ndi kachilombo dzulo kapena dzana asataye nthawi ndi kachipangizoka, athamangire kuchipatala kukalandira mankhwala a PEP oteteza kuti kachilombo kasakhazikike m'thupi, amene amayenera kuyambidwa maola 72 asanathe.

Malire ena ndi oopsa kwambiri m'maganizo mwanga. Munthu amene akumwa kale ma ARV akhoza kudziyeza n'kupeza mzere umodzi, chifukwa mankhwalawo akamagwira bwino ntchito asilikali aja amene kachipangizoka kamafufuza (osati chitetezo chonse cha m'thupi) amatha kuchepa mpaka osaoneka m'timadzi ta mkamwa. M'madera mwathu, mmene nkhani za kuchiritsidwa ndi mapemphero kapena mankhwala azitsamba zimamveka kawirikawiri, mzere umodzi woterewu ukhoza kunamiza munthu kuti wachira, n'kusiya mankhwala amene akumusunga ndi moyo. Opanga ake amachenjeza za zimenezi pa malangizo, koma chenjezo lolembedwa silifika kwa amene satha kuwerenga, ndipo zithunzi zimafotokoza bwino kayezedwe kuposa mmene zimafotokozera machenjezo. Pa chifukwa chimenechi ndimaona kuti kachipangizoka kamayenda bwino kwambiri pamene wopereka wasonyeza kaye kagwiritsidwe kake pamaso, ngakhale kwa mphindi zisanu zokha.

Mzere wa pa T umatha kutuluka wosaoneka bwino, ndipo lamulo lake ndi lakuti ngakhale ukhale wotuwa chotani, uwerengedwe ngati mzere. Ndi bwino kudziyeza masana kapena pamalo owala mokwanira, osati ndi kuwala kwa koloboyi. Ndi bwinonso kutaya kachipangizoko mukangowerenga, chifukwa kakakhalitsa mizere imatha kusintha n'kubweretsa nkhawa yopanda maziko.

Nkhani ya kukakamizana m'banja ilipo, ndipo pa kafukufuku wa ku Blantyre uja anthu pafupifupi 3 mwa 100 ananena kuti anakakamizidwa kudziyeza, kawirikawiri ndi okondedwa awo. Chinthu chimene chimalowa m'nyumba mosavuta chonchi chimafuna kuti onse awiri agwirizane kaye, ndipo mayi amene akuopa kuti mwamuna wake achita nkhanza akachiona sayenera kuumirizidwa kupita nacho kunyumba.

Pa mtengo palibe chodandaulitsa, popeza m'zipatala za boma zimene zili nako kamaperekedwa kwaulere. Mu 2017 bungwe la Bill & Melinda Gates Foundation linagwirizana ndi opanga ake kuti kazigulitsidwa pa madola awiri m'mayiko 50 osauka, ndipo izi zinathandiza kuti kazifika mochuluka. Amene akukagula ku famase ayang'ane tsiku lothera mphamvu ndi kuonetsetsa kuti paketi sinang'ambike. Pali tizipangizo tina todziyezera ndi dontho la magazi a kuchala, timene ena amatikhulupirira kwambiri chifukwa anazolowera kuti HIV imayezedwa m'magazi, koma kwa woopa kudzibaya, ka mkamwaka ndiye koyenera.

Kafukufuku wa dziko lonse wa MPHIA wa 2020 mpaka 2021 anapeza kuti mwa akuluakulu 100 okhala ndi HIV m'Malawi, pafupifupi 88 ankadziwa kuti ali nako, ndipo otsalira ambiri anali abambo ndi achinyamata. Amenewa ndiwo ndimawalimbikitsa kwambiri kachipangizoka, pamodzi ndi amene ntchito zawo sizilola kukhala tsiku lathunthu pa mzere wa kuchipatala, monga asodzi, oyendetsa galimoto za mitunda yaitali ndi ochita malonda m'misika. Ofufuza ena atagawa tizipangizoti kwa odwala odikira kuonana ndi dokotala m'zipatala za m'dziko muno, oposa theka anadziyeza, pamene pa njira yanthawi zonse ankayezetsa 13 okha mwa 100.

Mng'ono wanga, amene anakana kuyezetsa kwa zaka zambiri, anavomera kutenga kamodzi nditamusonyeza mmene ine ndimachitira. Tinagwirizana tisanatsegule paketi kuti mizere ikatuluka iwiri, m'mawa mwake ndidzamuperekeza kuchipatala kukatsimikiza ndi magazi, ndipo ndinapempheratu tchuthi cha tsikulo kuntchito.