Nyimbo za m'filimu: pa laputopu kapena ndi oimba enieni?

Wopeka nyimbo za m'filimu kuno ku Lilongwe akapatsidwa ntchito, amayamba wasankha kaye: apange zonse pa laputopu, kapena aitane oimba ku situdiyo.

Laputopu siboola m'thumba. Ndi mapulogalamu opangira nyimbo monga FL Studio kapena Cubase, munthu ali yekha m'chipinda ku Area 25 amaliza gulu lonse la mavayolini. Wotsogolera filimu akadula masekondi atatu, nyimbo imakonzedwa usiku womwewo, bola magetsi akhalepo.

Komatu mapulogalamuwa anadzaza ndi zida za ku Ulaya, ndipo ng'oma zake zimalira chimodzimodzi nthawi zonse. Tayesani ng'oma yeniyeni ya mbalule, yomata phula pakati, yowamba pamoto, pa gawo la maliro a kumudzi, mumva nokha kusiyana. Kaligo ndi bangwe nazonso n'zosowa m'makinamu. Chovuta ndi ndalama: malipiro a oimba, thiransipoti, situdiyo yolipira pa ola, ndipo filimu ikasinthidwa ndiye kuwaitananso. Za umwini wa nyimboyo mulemberanetu ndi oimbawo musanakailembetse ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso.

Kwa ine, maziko akhale a pa kompyuta, kandalama kotsalako kapite kwa woimba ng'oma ndi amayi awiri atatu oti athire mang'ombe.