Madrasa ya pamzikiti kapena Darul Uloom yogonera komweko?

Makolo achisilamu ku Ulongwe, Moatize ndi mumzinda wa Tete, mwana akayamba kukonda maphunziro a dini, amasankha pakati pa njira ziwirizi: madrasa ya pamzikiti, kapena Darul Uloom, sukulu ya maphunziro ozama a Chisilamu.

Ku madrasa mwana amapita akaweruka kusukulu ya boma. Amakhala pamphasa, chala chikutsata zilembo za Chiarabu, mwalimu akukonza katchulidwe. Kenako amalowa Juzu Amma, gawo lomaliza mwa magawo 30 a Qur'an, n'kuphunzira udhu (kudziyeretsa ndi madzi asanapemphere), swala ndi maduwa. Amagona kwawo, Chipwitikizi ndi masamu osazisiya. Chomwe chimandidandaulitsa n'chakuti kawirikawiri sipakhala ndondomeko yolembedwa. Mwalimu akasamuka, wobwerayo amayambitsanso ana poyambirira.

Ku Darul Uloom zonse zili m'ndondomeko. Kuloweza Qur'an yonse kumatenga zaka ziwiri kapena zitatu, pomwe maphunziro a ualimu, omwe ndi a ushehe, amatenga zaka 6 kapena 7. Amayamba ndi galamala ya Chiarabu, kudzafika pa fiqh (malamulo a Chisilamu) ndi tafsir (kutanthauzira Qur'an), ndipo chaka chomaliza chimathera pa mabuku a hadith (zonena ndi zochita za Mtumiki Muhammad). Pali mayeso ndi satifiketi. Koma makolo afunse msanga za madhhab, njira ya malamulo a dini imene sukuluyo imatsata: ngati akuganiza zotumiza mwana ku South Africa, sukulu zambiri zoterezi kumeneko n'za Chihanafi, pamene Asilamu ambiri a Mozambique ndi Ashafi'i, owerenga duwa ya qunut pa swala ya m'bandakucha.

Ine ndikuona kuti mwana ayambire ku madrasa, amalize sekondale. Wamtima wa ushehe apite ku Darul Uloom atakhwima, chifukwa zaka zimenezo kutali ndi amake n'zolemera kwa wachichepere.